Amjomba Anga Amene Anaswaliridwa Kawiri

Sabata yatha tinachita sadaka ya arubaini ya amjomba anga, Che Twaibu, mlongo wawo wa mayi anga, patatha masiku makumi anayi chimwalirireni. Mpunga unaphikidwa, a shehe anawerenga duwa yopempherera malemuwo, ndipo anthu atakhuta anayamba zomwe ndinkadziwa kale kuti ayamba: kusimba nkhani ya jeneza, chonyamulira maliro athu, uku akuseka mpaka kugwira nthiti. Ine sindinaseke nawo. Nkhaniyo ndinaimva kuchokera pakamwa pa mwiniwake, ndipo mwiniwakeyo sanaisimbepo akuseka ngakhale tsiku limodzi.

Amjomba ankaopa chinthu chimodzi chokha pansi pano. Ng'ona sankaziopa, ankati anazijambulapo ali m'bwato lodontha. Mwera ukawapeza panyanja ankangomanga bwino katundu wa eni ake n'kukhala pansi. Imfa yeniyeniyo ankati ndi ya Mulungu, ibwere tsiku lomwe yafuna. Chomwe chinkawatulutsa thukuta chinali kuikidwa m'manda asanafe. Ndiye kuno kwathu sitigoneka maliro ngati anzathu a ku tchalitchi. Munthu akamwalira m'mawa, pofika swala, pemphero lathu la masana, amakhala ali pamapewa a anthu.

Miyendo itayamba kuwakana chaka chathachi, anandiitana pakhonde pawo.

"Asiyatu, tabwera. Tambasula dzanja."

Anandiika m'manja kagalasi kozungulira, kamene kale ankakamanga kutsogolo kwa kamera kuti fumbi lisafike pa diso lake.

"Tauzirapo mpweya."

Ndinauzira, kagalasiko kanachita nkhungu.

"Waona? Wamoyo sabisika. Tsiku akadzati Twaibu watha, asanandisambitse, udzandiike kameneka pamphuno. Usadzapupulume. Akadzakukalipira, udzakhale gonthi."

"Bwanji osauza amuna anzanu, amjomba? Ine ndine mkazi, kumanda sindifika."

"Amuna anzangawo ndi amene anandinyamula ulendo woyamba uja."

Ntchito ya mafilimu anaiyamba ali mnyamata ku Monkey Bay, akupalasa bwato la azungu omwe ankajambula tinsomba tamitundumitundu ta m'miyala. Mmodzi wa azunguwo anaona kuti mnyamatayu amaima m'bwato logwedezeka osatayitsa madzi a m'kapu, ndiye anamusenzetsa miyendo itatu yoimikapo kamera. Kuchokera pamenepo sanabwererenso ku ukonde. Anaphunzira kuyeza mtunda wochokera pa kamera kufika pa mphuno ya munthu, kupotokola diso la kamera kuti nkhope isachite chimbuuzi, kusintha mabatire, ndi kugwira thabwa lonyezimira lobwezera dzuwa kumaso kwa wojambulidwa. Anayenda ndi magulu osiyanasiyana, a kunja ndi a konkuno, mpaka kumisasa ya othawa nkhondo kumalire a Mozambique. Kusuzumira pa kamera penipenipo sinali ntchito yawo, ndipo sankanamizira. Ankati wosuzumira amaona filimu yokha, koma iwo amaona filimu ndi matope omwe wosuzumirayo waponda.

Ntchitoyo inawalowa m'mafupa moti kunyumba ankatitopetsa nayo. Sankadutsa kutsogolo kwa anthu awiri akucheza, ankazungulira kumbuyo mozemba ngati mphaka. Chingwe choyanikira zovala ukachikulunga mwachisawawa ankachimasula n'kuchipindanso mwa njira yawo. Akafuna kukuyang'ana bwino ankatsinzina diso limodzi, mpaka alendo ankaganiza kuti ali ndi chilema. Tsiku lomwe filimu ina yomwe anagwirako inaonetsedwa m'kanyumba ka vidiyo kumsika, anatikhazika banja lonse mpaka kumapeto, anthu onse atatuluka, kuti tione dzina lawo likukwera m'timalemba tating'ono ngati nyerere. Mayi anga anati sanalione. Amjomba sanawalankhulitse mpaka chikondwerero cha Idi.

Awiriwa ankakangana kwambiri pa za ntchitoyi. Mayi ankati kugwira zithunzi za anthu si ntchito ya Msilamu, ndipo pa tsiku lachiweruzo adzafunsidwa. Amjomba ankayankha kuti angelo a pamapewa pathu nawonso amajambula usana ndi usiku, kusiyana kwake n'kwakuti iwowo batire siliwathera. Mayi ankati astaghafirullah, n'kuwaikira chakudya patali.

Kusewera m'mafilimumo kunkabwera mwangozi. Munthu akajomba, oyang'anira ankati muvekeni Twaibu. Anakhalapo msodzi, mlonda wa pageti, ndiponso wodwala wogona pabedi la kuchipatala. Mawu awo m'mafilimu onsewo mukanawaphatikiza sakanadzaza moni wa m'mawa. Koma ankanyadira chinthu chimodzi: sanaonongepo chithunzi. Lamulo la ntchitoyo ndi loti kamera ikayamba, wojambulidwa sasiya zomwe wauzidwa mpaka amve woyang'anira akukuwa kuti "kati", mawu oimitsira kamera. Ntchentche ikutere pa diso, nyerere zikulume, sugwedezeka. Anaonapo gulu lonse likudikira dzuwa la tsiku lotsatira chifukwa cha munthu mmodzi amene anadzikanda pakhosi, ndipo anthu otero ankawanyoza ngati akuba.

Ana a m'mudzi mwathu dzina loti Twaibu sankalidziwa. Ankawatchula Che Malemu, ndipo akawaona akubwera ankathawira kuseri kwa nkhokwe. Panali amayi ena achikulire omwe mpaka imfa yawo sanalandirepo chinthu m'manja mwa amjomba, ankati achiike pansi kaye. Zonsezi zinachokera pa tsiku limodzi la mwezi wa Okutobala, ine ndisanakwatiwe.

Kunabwera gulu la ku Blantyre kudzajambula filimu yophunzitsa za matenda omwe ankatha anthu masiku amenewo. Amjomba anali nawo, ndipo ndi iwo amene anawapezera malo, kamudzi kena kumtunda kwa Mponda komwe kuli njira yayitali yamchenga yodutsa m'milambe. Filimuyo inkathera pa maliro. Woyang'anira ankafuna zenizeni. Anakana zoika matumba a madeya m'jeneza, nati mapewa a onyamula amaulula ngati mkati mulibe munthu. Amene anayenera kukhala maliro ataona sanda, nsalu yoyera yokulungira mtembo, anakana, nati mkazi wake ali ndi pakati. Maso onse anatembenukira kwa amjomba, iwo n'kuvula mkanjo.

Jeneza anabwereka la kumzikiti wa m'mudzimo, kudzera kwa munthu wosunga makiyi, a shehe ali kuulendo. Amjomba anawamanga chibwano ndi kansalu monga timachitira ndi akufa, anawajambula nkhope pafupi, kenako anawakulunga sanda n'kumanga mfundo kumutu, m'chiuno ndi kumapazi. Anawagoneka m'jeneza, pamwamba n'kufunditsa nsalu yobiriwira ya maliro. Kamera anakaiimika patali pamwamba pa chulu, kuti maliro azioneka akuchepa pang'onopang'ono mpaka kulowa m'milambe. Onyamula anali asodzi ochepa omwe anawatenga kugombe, ndipo anawauza kuti aziyenda basi mpaka amve kukuwa.

Chomwe anthu a ku Blantyre aja sankadziwa, ndipo amjomba anachiiwala pofuna kusangalatsa mabwana, ndi mwambo womwe ngakhale mwana wa kuno amaudziwa. Mwamuna aliyense akakumana ndi jeneza amasiya zomwe akuchita, n'kulowetsa phewa, ayende nalo pang'ono mpaka wina amulande. Sukaniza munthu, chifukwa m'menemo muli madalitso ake. Wolandidwayo amabwerera kumbuyo. Ndipo maliro athu sayenda monyang'wa, amapita ndi liwiro.

Oyamba anali amuna awiri omwe anatsamiritsa njinga zawo pamtengo. Woyang'anira ataona gulu likukula lokha anakondwa, nalola kamera ipitirire. Koma kuseri kwa milambe kunali mphambano, ndipo pamphambanopo panakhala amuna ambiri a mudzi woyandikana nawo. Ankadikira maliro enieni. M'bale wawo anamwalirira kuchipatala cha ku boma, ankamusambitsira kwa mayi ake, ndipo dzenje linali litakumbidwa kale m'mawa. Ataona nsalu yobiriwira anaimirira onse.

Posakhalitsa asodzi aja anapezeka ali kumbuyo kwenikweni. Mmodzi anayesa kukoka malaya a mkulu wina, mkuluyo n'kumudzudzula kuti pamaliro salankhulapo za nsomba. Ndiye mungawauze bwanji anthu oferedwa, ena atagwira makasu, kuti mukusewera ndi jeneza la kumzikiti? Anayang'anana n'kuthamangira kuchulu kuja. Woyang'anira anali atakuwa kale mpaka mawu kusasa, koma mphepo inkawomba chobwerera. Analowa m'galimoto kuti awathamangire, galimoto n'kutitimira mumchenga.

Zamkati mwa jenezamo amjomba anandiuza kamodzi kokha, tikusenda chinangwa, ndipo maso awo sanachoke pa mpeni. Poyamba, anati, anakondwa. Ankamva mawu a anthu ambiri akutamanda Mulungu, liwiro lake lenileni la maliro, ndipo mumtima ankati filimu iyi ituluka bwino. Thukuta linkawalowa m'maso koma sanagwedezeke. Atawatula pansi anamva anthu akufola, kenako mawu a munthu wamkulu akuti Allahu akbar, gulu n'kuyankha. Anati woyang'anira wa ku Blantyre uja ndi wochenjera, wapeza shehe weniweni.

Kenako anakumbukira batire. Anali ataliika okha m'kamera, ndipo linali lokalamba lija losakhalitsa ngakhale nthawi yowiritsa tiyi. Ena onse anali m'chikwama chawo chomwe panalibe wina ankachigwira. Ndiye kuti kamera inali itazima kalekale. Panalibe amene ankajambula. Nthawi yomweyo fungo la dothi longokumbidwa kumene linawalowa m'mphuno.

Anayesa kukuwa, koma ndi chibwano chomangidwa mawu anangothera pachifuwa, ndipo anthu anali atayambanso kutamanda mokweza. Anayesa kuponya mwendo, mfundo zinagwira. Kutentha kuja kunali kutawamwa mphamvu zonse, moti kuphiriphitha kwawo manja owanyamula anangokuyesa kulendewera kwa mtembo. Ndipo apa ndi pomwe anaika mpeni pansi pondiuza. Anati ngakhale akutsitsidwa m'dzenje, mbali ina ya mutu wawo inkawanong'oneza kuti nanga ngati asintha batire, nanga ngati akujambulabe, Twaibu uononga chithunzi. Anati mawu amenewo anawamvera. Anasiya kulimbana, n'kudikira kukuwa kwa woyang'anira.

Pamwamba pa dzenje anatambasulapo nsalu monga mwa mwambo, mkatimo munachita mdima. Anawagoneka chakumanja m'kachipinda kamene timakumba m'mbali mwa dzenje. Mchenga unkayoyokera pa sanda pafupi ndi khutu lawo. Mmodzi wa olowa m'dzenjemo anali Che Bwanali, mwamuna wamphamvu amene sankasowa pa maliro alionse. Iye ndi amene anamasula mfundo ya kumutu kuti tsaya la womwalirayo likhudze dothi. Dzanja lake linapeza tsaya lonyowa, lotentha. Ataweramira kuti aone bwino, diso linatseguka n'kumuyang'ana.

"Innalillahi! Ayang'ana! Maliro ayang'ana!"

Apa ndi pomwe anthu amasekera akamasimba. Amati Che Bwanali anatuluka m'dzenje poponda phewa la mnzake, a shehe anataya nsapato, wina anakapezeka ali m'mwamba mwa mtengo wa mango. Zoonadi zinachitika. Koma osimbawo amasiya zomwe zinatsala kumbuyo. Nsalu ija inagwera m'dzenje. Mapazi a othawa anagumula mulu wa dothi, dothilo n'kutsikira pansi mpaka kukwirira miyendo ya amjomba kulekeza m'chiuno. Kenako kunangoti zii. Anagona m'menemo okha, omangidwa, akumva njiwa ikulira pamtengo ndi dothi likuyoyokabe pang'onopang'ono. Sankadziwa ngati kudzabwere munthu. Anzawo a filimu atafika wapansi n'kuwafukula, amjomba sanathe kuima kapena kulankhula mpaka mawa lake.

Maliro enieni aja anafika n'kupeza manda opanda munthu, nsapato zili mbwee. Abale anakana dzenje limenelo, anakumba lina dzuwa likuswa mtengo, ndipo mkwiyo wawo unali woyenera. Amjomba anakapepesa kumizikiti iwiri yonse atagwada. Gulu la ku Blantyre linachoka mwakachetechete, filimuyo sitinaionepo. Akuluakulu anakangana kwa nthawi yayitali ngati munthu woswaliridwa kale angadzaswaliridwenso akadzafa, mpaka a shehe anagamula kuti swala ija inapita kwa mwini wake weniweni, Mulungu sasokoneza mayina.

Ntchito amjomba anaigwirabe zaka zingapo, koma kutsogolo kwa kamera sanaimenso. Chomwe anayamba ndi kuyenda m'maliro. Kukangomveka kulira kwinakwake, woyamba kufika anali iwo, kagalasi kali m'thumba, kupempha mwaulemu kuti aone womwalirayo asanasambitsidwe. Ena ankawalola pomvera chisoni, ena ankawathamangitsa. Kwa Che Bwanali komwe, mkazi wawo atamwalira, anapita kukapempha kuti mmodzi wa amayi alowe nako kagalasiko, ndipo Che Bwanali, amene chichokereni tsiku lija sanalowenso m'dzenje, anangogwedeza mutu kuvomera. Mayi anga ankadandaula kuti mlongo wawo akutichititsa manyazi. Iwo ankangoti chaona mnzako chapita, mawa chili pa iwe. Sanapezepo wamoyo ngakhale mmodzi, ndipo zimenezi sizinawakhazike mtima pansi. Ankati mwina amafika mochedwa.

Anamwalira m'mawa wotentha, mayi atawapititsira phala. Uthenga unandipeza kumsika, ndinakwera kabaza ndi kagalasi kali kumfundo ya chitenje, momwe kanakhala miyezi yonse ija. Ndinapeza amayi atadzaza m'nyumba, amuna ali panja ndi zidebe za madzi ndi sanda. Ndinagwada pambali pa amjomba. Nkhope yawo inali ngati ya munthu amene akudikira kuuzidwa chochita, ndipo ndinkadziwa kuti pa anthu onse a m'boma lino palibe ankadziwa kukhala osagwedezeka kuposa iwo.

Ndinaika kagalasi pamphuno. Nditakatembenuza, m'mphepete mwake munali kankhungu kochepa.

"Mayi, mwaona?"

"Ndaona chala chako chathukuta, Asiyatu. Usatiyambitse misala."

Ndinapukuta ndi chitenje n'kuikanso. Panalibe kanthu. Ndinaikanso, ndikubisa mpweya wanga, mpaka mkono unachita dzanzi. Panalibe kanthu. A shehe athu, omwe ndi achinyamata ndipo nkhani ya jeneza anangoimva, anaima pakhomo.

"Chemwali, tipatseni mpata tiwasambitse. Dzuwa ili silisunga munthu."

"Pepani a shehe, sindichoka. Ayambe abwera achipatala."

Kunja kunamveka kung'ung'udza. Wina anati zayambanso za Che Malemu. Ndinakhala gonthi monga anandiuzira. Wachipatala wa pafupi atabwera anamvetsera pachifuwa, anawalitsa tochi m'maso, anapinda mkono, nati bambowa anapita kale ndithu. Ndinapempha kuti adikirebe mpaka swala ya madzulo. A shehe anakana mofatsa, nati kuchedwetsa maliro n'kumuzunza womwalirayo. Ndinayamba kulira, osati kulira kwa maliro, koma kwa mantha. Apo ndi pomwe Che Bwanali, okalamba tsopano, anadzuka pampando ndi ndodo yawo n'kufika pakhomo.

"Mwanawe, asiye awasambitse. M'dzenjemo ndilowa ndine. Mfundo ndimasula ndine. Tsayalo ndikaligwira, ndipo sindikathawa."

Ndinachoka pakhomo. Anawasambitsa, anawakulunga, anawaswalira kachiwiri. Ndinaima ndi amayi anzanga pomwe ife timalekezera, ndikuyang'ana nsalu yobiriwira ikupita ndi liwiro lija, maso anga ali pa iyo kuti mwina igwedezeka mwachilendo. Pobwera kumanda, Che Bwanali sanapite kokhala amuna. Anabwera kwa ine ndi dothi m'mawondo, nati tsaya linali lozizira, analigwira nthawi yayitali mpaka anzawo anawakoka.

Ndinathokoza, ndipo ndikufuna kuwakhulupirira. Koma manja a Che Bwanali ndimawadziwa. Pa sadaka ija ndinawapatsa kapu yachitsulo ya tiyi wongophulidwa kumene, yomwe ine ndinaigwira ndi nsalu, iwo anailandira ndi zala zonse osamva kalikonse. Ndinawayang'ana akumwa. Sindinauze munthu aliyense. Wachipatala ananena, mayi ananena, nzeru zanga zomwe zimanena kuti chinali chala changa. Koma kankhungu kaja ndinakaona.

Chipinda cha amjomba chili kumapeto kwa nyumba ya mayi. Chinalibe chitseko kwa zaka zonsezi, anachizula okha n'kuchiika pamwamba pa khola, ndipo zenera analikulitsa ndi nkhwangwa mpaka munthu akhoza kutulukirapo. Bedi analiika pakati penipeni, kutali ndi makoma onse. Tsopano mulibe kanthu koma bedilo lopanda mphasa, ndi msomali pomwe pankakhala mkanjo wawo. Mbuzi zinayamba kugonamo, ndiye mayi anaitana kalipentala kuti abwezeretse chitseko, ndipo wachiika bwino, chimatsekeka mpaka kuti khotcho. Mayi amachitseka. Ine ndikafika m'mawa ndimayamba ndaima panja pake kumvetsera, kenako ndimachitsegula n'kuikapo mwala kuti mpweya uzilowa.